Twaini wa ku Kacholola

Ku Petauke, kuseri kwa maofesi a boma, kunali bwalo la tenisi limene azungu analisiya pochoka. Pamene ine ndinkayamba kuzindikira zinthu, linali litakalamba kale. Pansi pake panali dothi lofiira la pachulu, lotsenderedwa bwino, koma mvula ikangogwa kawiri kapinga ankasuzumira m'ming'alu. Waya wozungulira bwalolo anali atabooka uku ndi uku, moti mbuzi zinkalowa n'kumagona pamthunzi wa mpando wautali umene kale pankakhala woweruza masewera. Ife ana tinkadutsa pomwepo popita kukatola masuku, osadziwa n'komwe kuti mizere yofufutika ija inali ya chiyani.

Amene anadzutsa bwaloli anali a Mubita, mphunzitsi wa ku sekondale amene boma linawatumiza kwathu kuchokera kumadzulo kwa dziko, kwa anthu a mabwato ndi mchenga. Chinyanja chawo chinali chotsimphina, ndipo Chinsenga chathu sankachiyerekeza n'komwe, koma anali munthu wosatopa. Anafika ndi sutikesi ndi malaketi awiri a mtengo. Laketi ndi chija amamenyera mpira wa tenisi, chooneka ngati sefa ya ufa yoikidwa mpini. Anasonkhanitsa ana a sukulu, anawazulitsa udzu, mizere anailemba ndi phulusa, ndipo pakati anapachika ukonde wakale umene mabowo ake anawasoka ndi luzi. Anyamata ambiri anayesa pang'ono n'kubwerera ku mpira wa miyendo, ati masewera osagwetsana si masewera. Amene anakakamira anali mkulu wanga Tisaine.

Pamaso pake ndinkati asisi, ndipo mpaka lero ndimatero, koma pano ndimutchula Tisa monga ankamutchulira makolo athu. Nthawi imeneyo anali mu fomu yachiwiri, ine ndili ku pulayimale. Anali wamtali, wa miyendo ngati ya kakowa, wosalankhulalankhula. Kunyumba akamatsuka mbale ankachita ngati akusinza, koma akagwira laketi ankasanduka munthu wina. Ankathamangira mpira uliwonse, ngakhale umene aliyense akuona kuti wapita, ndipo ankabwera kunyumba mawondo ali ofiira ndi fumbi. A Mubita akachedwa kusukulu, ine ndi amene ndinkamuponyera mipira, ija inatha ubweya n'kusalala ngati mazira.

Atate athu, a Daka, ankagwira ntchito ku ofesi ya ziweto, kubaya ng'ombe jakisoni ndi kuyendera madipi. Tenisi anaikonda tsiku loyamba lomwe, ngakhale malamulo ake sanawamvetse moyo wawo wonse. Akaweruka ankaima kunja kwa waya atagwira njinga yawo, ndipo mpira ukangogunda ukonde ankakuwa kuti, "Chigoli!" A Mubita anayesa kangapo kuwafotokozera kuti mu tenisi mpira ukalowa mu ukonde ndiye kuti waluza, kenako anangowasiya.

Amai sankaponda ku bwaloko. Ankati mtsikana wamkulu kumathamanga ndi kasiketi pamaso pa amuna a m'maofesi si ulemu, komanso munda wawo wa mtedza, umene kwathu timati nshawa, sunkadzipalira wokha. Koma chifukwa chenicheni chinali china, ndipo tonse m'nyumba tinkachidziwa. Amai anali ndi mlongo wawo, amalume athu a Yotamu, amene anapita ku migodi ya kumwera ali mnyamata, ife tisanabadwe, ndipo sanabwerenso kapena kutumiza mawu. Kwa amai, chilichonse chokokera mwana ku msewu waukulu wopita ku Lusaka chinali mdani.

Chaka china, mvula itangosiya, a Mubita anabwera kunyumba atavala tayi. Anakhala pa kampando pakhonde n'kufotokoza kuti pa holide, ku Lusaka kudzasonkhana achinyamata osewera tenisi ochokera m'zigawo zonse, ndipo amene adzaonetse luso adzapatsidwa malo pa sukulu ya komweko kuti aziphunzira ndi kusewera moyenera. Iwo anali atapereka kale dzina la Tisa. Atate anaimirira n'kugwira aphunzitsiwo chanza ndi manja awiri. Amai anali akusenda nshawa mu lichero, ndipo sanadzutse mutu. Anangoti, "Tamva."

Tsoka linagwa holide ili pafupi. Pa malaketi awiri aja, imodzi inali yothyoka pakhosi, yomangidwa ndi malegeni, yabwino kungoponyera mnzako mpira. Yabwino inali imodzi yokha, ndipo zingwe zake zinali zitalumikizidwa malo ambiri. Madzulo ena Tisa anamenya mpira mwamphamvu, ndipo tinangomva kuti thwa! Mpira sunabwerere kwa ine. Unali utakodwa pakati pa laketi, zingwe zitaduka n'kupiringizika ngati tsitsi. A Mubita anaitenga, anaiyang'ana mbali zonse, n'kukhala pansi pa fumbi ndi buluku lawo loyera.

Achinyamata a masiku ano sangamvetse chifukwa chimene munthu wamkulu angakhalire pansi kaamba ka zingwe. Zinali zaka zija za chipani chimodzi pamene m'masitolo munali mashelefu okha. Sopo, shuga ndi mafuta ophikira aja tinkati saladi, zikangomveka kuti zafika, anthu ankathamanga kukaima pa mzere osafunsa n'komwe kuti akugulitsa chiyani. Tsono zingwe za laketi ukanazipeza kuti? A Mubita anafunsa anzawo a ku Chipata, koma kunalibe. Ndipo ku Lusaka mwana aliyense ankayenera kufika ndi laketi yake.

Podandaula ndi atate pakhonde paja, a Mubita ananena mawu amene pambuyo pake ananong'oneza nawo bondo. Anati kumaiko akutali zingwe zabwino kwambiri amazipanga ndi matumbo a nyama. Atate anawongoka pampando.

"Matumbo? Aphunzitsi, mukamba matumbo eni-eni?"

"Inde, bambo, koma amapanga ku fakitale, ndi makina."

"Makina a chani? Za m'mimba mwa nyama, mu boma lino palibe angandiphunzitse ine."

Loweruka lotsatira anapha mbuzi. Nyama tinadya, ina tinagawira anansi, koma matumbo, amene amai ankadziwa kuwakulunga ndi kuwakazinga mpaka fungo kuwoloka msewu, atate anawalanda ndi beseni lomwe.

"Awisi Tisa, ndiwo zimenezo," anatero amai, kuwaitana monga mkazi wa kwathu amaitanira bambo wa ana ake.

"Lelo si ndiwo, anyina Tisa. Lelo ni sayansi."

Anawatsuka, anawapala ndi bango, anawapota ngati chingwe cha khonje, n'kuwapachika mu mtengo wa mango atamangirira miyala kumunsi kuti awongoke. Fungo lake sindidzaliiwala. Ntchentche za mu Petauke monse zinasamukira kwathu. Akhwangwala anatera pa denga n'kumakambirana, ndipo galu wathu Taiga anagona pansi pa mtengowo osachoka, maso ali m'mwamba ngati munthu wopemphera. Ine ndinapatsidwa nthambi ndi udindo woingitsa onsewa, ndipo ndikangotembenuka kuthamangitsa khwangwala, Taiga ankadumpha. Zimene zinapulumuka zitauma, atate anazilowetsa m'mabowo a laketi, akuimba mluzu, n'kutitsogolera tonse ku bwalo. Tisa anamenya mpira umodzi wokha. Zingwe zinathetheka ngati mbuliuli, n'kulendewera ngati ndevu za mbuzi yomwe ija. Palibe anaseka pamaso pa atate. Koma titafika kunyumba n'kufotokoza, amai analowa m'khitchini mofulumira, ndipo tinamva mbale zikugwedezeka limodzi ndi iwo.

Ndinkaganiza kuti amai akondwa, poti tsopano ulendo wa ku Lusaka unali utafa wokha popanda iwo kuukaniza. Mwina anakondwadi masiku oyamba. Tisa sanalire kapena kudandaula, ndipo ntchito zake zonse ankagwira. Koma m'mawa uliwonse, akatha kusesa, ankapita kuseri kwa nkhokwe ndi laketi yopanda zingwe ija. Kumeneko ankamenya mphepo. Ankaponya m'mwamba mpira umene kunalibe, n'kuumenya, n'kuthamangira kumanja, kumanzere, kutsetsereka m'fumbi, nkhope ili yolimba ngati pali mdani amene ife sitikumuona. Amai ankasinja pafupi pomwepo. Tsiku lina ndinaona munsi utaima m'manja mwawo nthawi yaitali, iwo akungomuyang'ana mwana wawo.

M'mawa wotsatira anandidzutsa nkhuku zikutsika. "Nelia, vala dilesi ya ku tchalitchi. Tiyenda ku Nyimba, tibwela mailo." Mailo kwathu ndi mawa. Atate anali kumidzi ya ku Sandwe ndi ntchito yawo, ndipo Tisa anangouzidwa kuti ayang'anire nyumba. Amai ananyamula kathumba ka nshawa, khadi lawo la chipani limene popanda ilo pamisika ina sankakulola kulowa, ndi kaphukusi kokulunga mu nyuzipepala kamene sanandilole kukhudza. Pa nsonga ya chitenje chawo anamangapo kachidutswa ka chingwe chakale cha laketi. Ndinadziwa pambuyo pake kuti dzulo lake anali atafunsa azimayi ogulitsa nsomba zouma pamsika kuti asodzi a ku mtsinje wa Luangwa amakokera milamba ikuluikulu ndi chingwe chotani.

Tinakwera lole yonyamula matumba a chimanga. Aka kanali koyamba ine kukhala pamwamba chotero, ndipo ndinaona dziko likuthawira kumbuyo: minda ya mapesi ouma, midzi ya nkhokwe zodzaza, ana akutibayibitsa m'mphepete mwa msewu. Mphepo inali yozizira, yonunkhira udzu wopsa, ndipo amai anandifunditsa chitenje chawo china n'kundigwira m'chiuno pa kona iliyonse. Pa Nyimba tinatsika pakati pa nthochi. Zinali paliponse, mikoko yaikulu itaunjikidwa m'mbali mwa msewu, azimayi akuthamangira galimoto iliyonse ndi malichero pamutu. Tinazungulira msika wonse. Amai ankamasula kachidutswa kaja n'kuonetsa aliyense wogulitsa nsomba kapena mbedza, koma twaini amene analipo anali woonda, wogwirira timatemba. Pomaliza mayi wina anati tipite ku Kacholola, kumene asodzi enieni amakwera kuchokera kumtsinje kudzagulitsa nsomba kwa oyendetsa malole.

Ndinaganiza kuti tibwerera. Dzuwa linali litakwera, ndipo mapazi anga anali atatupa mu nsapato za ku tchalitchi. Koma amai anaimitsa galimoto ina yaing'ono ya bokosi kumbuyo, tinakhala pakati pa madengu a nkhuku, n'kulowa m'mapiri aja msewu umakhota ngati njoka.

Ku Kacholola kunkatentha kuposa kwathu. Pansi pa mtengo waukulu panali amuna atayala nsomba zowamba pa masaka, zakuda, zonyezimira mafuta. Mmodzi wa iwo, bambo wa imvi ndi manja okakala ngati khungwa, anali akukonza mbedza zake, ndipo pambali pake panali kathabwa kokulungidwa twaini wa nayiloni, woyera, wonenepa. Amai anagwada patali pang'ono, anapereka moni, n'kupempha kuti amuone. Anamuyerekeza ndi kachidutswa kawo, anamukoka, anamuluma ndi mano. Ndinaona m'maso mwawo kuti ndi yemweyo.

"Uyu si wogulitsa, amai," anatero msodziyo. "Nikagulitsa, ana anga adye chani? Nanga inu muwedza kuti? Ku Petauke kuli mtsinje wa milamba?"

"Siniwedza, bambo. Ni wa mwana wanga. Amenyela mpila."

Bamboyo sanamvetse. Amai anandikodola, ndipo ine ndinajambula laketi pa fumbi ndi chala, ndi timizere take topingasa, kenako ndinaimirira n'kuonetsa mmene Tisa amamenyera. Msodziyo anaseka mpaka kutsokomola, n'kuitana anzake kuti adzaone anthu amene ayenda ulendo wonsewu kufuna twaini wogwirira mpira. Amai anadikira kuti amalize kuseka, kenako anamasula kathumba ka nshawa. Iye anatolako ziwiri, anatafuna, anayamikira, koma anapukusa mutu.

Pamenepo amai anatulutsa kaphukusi ka nyuzipepala kaja. Munali sopo, mtanda wautali wosadula. Ndinamudziwa. Amai anamuimira pa mzere kuyambira m'mawa mpaka dzuwa kupendeka, ndipo anamubisa pansi pa sutikesi kudikira Khrisimasi, ife tikuchapa ndi masamba a papaya. Mayi wina amene anakhala kumbuyo kwa msodziyo akuyamwitsa mwana anatambasula dzanja, anatenga sopoyo, anamununkhiza atatseka maso, n'kumulowetsa mu dengu lake.

"Apatseni," anatero kwa mwamuna wake.

Bamboyo anayang'ana mkazi wake, anayang'ana twaini wake, n'kuusa moyo. Anayamba kuyeza mikwamba, akutambasula manja uku ndi uku, ndipo atamaliza anawonjezera ina ya basela. "Akagwila mpila waukulu, mudzatigawileko," anatero.

Podikira galimoto yobwerera tinakhala pa mwala m'mbali mwa msewu, tikudya nthochi za ku Nyimba. Twaini anali pa miyendo ya amai, atamukulunga pa chitsononkho. Funso linali likundivuta kuyambira m'mawa, ndipo poti tinali awiriwiri kutali ndi kwathu, ndinalimba mtima.

"Amai, si inu simufuna kuti asisi apite?"

"Sinifuna. Mpaka lomba sinifuna," anatero, poti lomba kwathu ndi tsopano.

"Nanga twaini uyu?"

Anasenda nthochi pang'onopang'ono asanayankhe. "Amalume ako a Yotamu pomwe anafuna kuyenda, tonse tinawakaniza. Amai anga anabisa nsapato zawo, ine n'nabisa jekete. Anapita ndithu, opanda nsapato, opanda wowapelekeza. Munthu akachoka pakhomo mwa njila imeneyo, pobwela achita manyazi. Tisa adzapita, nimuona m'maso. Lomba ni bwino apite atanyamula chinthu chimene manja anga agwila."

Sanadzanenenso za amalume mpaka ine kukula. Tinagona kwa achibale pa Nyimba, m'mawa mwake n'kukwera lole ina yobwerera kwathu.

Laketi tinaimanga pansi pa mtengo wa mango womwe uja, fungo la matumbo litatha. A Mubita anabwera kudzaonetsa njira imene chingwe chimayenda, bowo ili kupita bowo ilo, zoimirira poyamba, zopingasa pambuyo. Atate anali atabwerako, ndipo anafuna kutsogolera ntchito, koma amai anawapatsa yonola masipoko a njinga. Amai anakhala pa mphasa, laketi ataipana ndi mawondo. Ankalowetsa twaini, kumukulunga pa kamtengo, n'kukoka atagonera chagada mpaka mitsempha ya pakhosi kuonekera. Akati "Lomba!" ine ndinkalowetsa sipoko m'bowo kuti chingwe chisabwerere. A Mubita ankakhudza chingwe chilichonse ndi chala ngati woimba banjo, n'kutchera khutu, ndipo chikalira mosiyana ndi chinzake ankapukusa mutu, amai n'kumasula n'kukokanso. Zopingasa zija anaziluka mofulumira, pamwamba, pansi, pamwamba, pansi, monga ankalukira mphasa. Nayiloni anawacheka zala, ndipo anamanga kansanza n'kupitiriza. Tisa anakhala pambali nthawi yonseyi, manja ali pakamwa.

Itatha, amai anamupatsira ndi manja awiri ngati akupatsira mlendo madzi. Tisa anapita pa khoma la nyumba n'kumenya mpira. Unalira kuti tong! mawu oyera amene laketi ija inali isanatulutsepo, ndipo unabwerera mwaukali moti anachita kuuzinda. Anamenyanso, anamenyanso, mpaka dothi la khoma kuyamba kugwa.

"Iwe, nyumba yanga!" anakuwa amai. Koma sanamuletse.

Tsiku lonyamuka tinamuperekeza tonse mpaka pa mphambano ya msewu waukulu, pamene basi yochokera ku Chipata kupita ku Lusaka inkaima. Atate anamupatsa malangizo ambirimbiri a kaseweredwe amene onse anali olakwika. Amai anamukonza kolala ya bulauzi n'kunena ziwiri zokha: kuti akaluza asakalire pa anthu, ndiponso kuti nthawi yokumba nshawa azibwera. Basi itazimiririka amai anatembenuka n'kuyamba kuyenda mofulumira patsogolo pathu, ndipo atate anandigwira phewa kuti ndisawathamangire.

Za ku Lusaka anadzatifotokozera yekha. Anati analuza kambiri kuposa mmene anapambanira. Kanali koyamba kuona mipira yatsopano yaubweya, imene inkadumpha mwa mtundu wina, ndipo atsikana a ku matauni a migodi anali ndi nsapato zoyera ndi malaketi awiriawiri. Atanunkhiza laketi ya Tisa, imene inkamvekabe nsomba, anamupatsa dzina loti Mlamba. Koma akuluakulu osankha anaona mtsikana amene ankabweza mpira uliwonse mpaka mnzake kutopa, ndipo anamutenga. Dzina lija linamumatirira moyo wake wonse wa tenisi, ndipo iye analikonda, poti mlamba ngakhale uuvuule m'madzi sufa msanga.

Anamaliza sukulu komweko. Kampani ina inamulemba ntchito ya mu ofesi kuti azisewera m'dzina lake, ndipo kenako kwa zaka zingapo ankadya za tenisi yokha. Sanali wotchuka. Ankayenda pa basi ndi pa sitima kupita ku mipikisano ing'onoing'ono ya ku Nairobi, ku Harare, ku Gaborone, kugona m'nyumba zotchipa, kuchapa siketi yake madzulo kuti aivalenso m'mawa. Nthawi zina ankayenda ulendo wonsewo n'kuluza tsiku loyamba lomwe. Nthawi zina ankabwera ndi kachikho. Dzina lake mu nyuzipepala linkakhala pansi penipeni, nkhani za mpira wa miyendo zitatha, m'timalemba tofuna magalasi, koma atate ankayenda nayo nyuzipepalayo mpaka ku madipi kukawerengera alimi amene ankangofuna kuti ng'ombe zawo zisambe. Ndipo nthawi yokumba nshawa ankabwera. Sikuti chaka chilichonse, koma ankabwera, n'kugwira khasu ndi dzanja lake lamanja lija linali lalikulu kuposa lamanzere.

Amai anamuonera akusewera kamodzi kokha. Ine ndinali nditayamba uphunzitsi, ndipo ndinawatenga kupita nawo ku Lusaka pamene Tisa anafika pa ndime yomaliza ya mpikisano wina. Anavala chitenje chatsopano ndi duku, n'kukhala mowongoka pakati pa anthu a magalasi akuda. Poyamba anali chete. Koma pamene Tisa anathamangira mpira wa pakona n'kuubweza akutsetsereka, amai anaimirira n'kululutira nthungululu yaitali ya kwathu, mpira ukadali m'mwamba. Anthu onse anatembenuka. Woweruza wa pa mpando wautali analankhula pa chimkuzamawu m'Chingerezi.

"Akamba chani?" amai anandifunsa.

"Ati tikhale chete."

"Pali malilo?"

Anakhala pansi, koma sanathe kudzigwira, ndipo woweruza uja analankhula kangapo tsiku limenelo. Tisa analuza masewerawo. Atatha, amai anatsika, anapita kaye kwa mtsikana wopambanayo n'kumugwira chanza mwaulemu, kenako anapukuta thukuta pa nkhope ya mwana wawo ndi nsonga ya chitenje, pamaso pa anthu onse, ngati ndi kamwana kochokera kosewera.

Zinthu zasintha kwambiri. Pamene panali bwalo lija ku Petauke tsopano pali mashopu, ndipo ana a kumeneko tenisi amaionera pa foni. Laketi za masiku ano ndi zopepuka ngati bango, ndipo zingwe amaika ndi makina mwiniwake akumwa tiyi. Mwana akakwera basi kupita ku Lusaka, asanafike n'komwe pa Nyimba amakhala ataimba kale kawiri kunyumba. Zonsezi ndi zabwino, sindikudandaula. Ndimangoona kuti kale chinthu chimodzi chaching'ono chinkafuna manja a banja lonse ndi a anthu osawadziwa, ndipo mwina n'chifukwa chake sitinkachiiwala.

Amai ndi atate anatisiya. Tisa bondo linamukaniza kupikisana, ndipo tsopano, imvi zili mbuu, amaphunzitsa ana pa bwalo lina laling'ono ku Lusaka. Nditapita kukamuona posachedwapa, ndinapeza tiana tikupikisana, makolo atakhala pa mabenchi. Kamtsikana kena kakang'ono, kovala nsapato zokakulira, kanabweza mpira wovuta, ndipo mayi wake, amene ankaoneka kuti wangochokera kumsika, anaimirira n'kululutira. Makolo ena anamuyang'ana moipidwa, wina n'kuika chala pakamwa. Mayiyo anachita manyazi n'kuyamba kukhala pansi.

Tisa anaimitsa masewera, anatsimphina mpaka pa waya, n'kuloza mayiyo ndi laketi.

"Imililani, amai, malizani," anatero. "Pa bwalo langa ni zololedwa."